Momwe mungapezere ndi kuwerenga nkhani za "brondong" za ku Indonesia

Ku Indonesia, mnyamata amene ali pachibwenzi ndi mkazi womuposa zaka amamutcha "brondong", mawu amene amatanthauzanso mbuliwuli. Nkhani zachikondi zoterezi zilipo zambirimbiri pa intaneti, ndipo mungaziwerenge pafoni ngakhale chilankhulo chawo simuchidziwa.

Choyamba, lowani pa Wattpad, tsamba la pa intaneti pomwe anthu amalembapo ndi kuwerengapo nkhani, kudzera pa Chrome, musankhe Bahasa Indonesia ngati chilankhulo cha nkhani. Posakira lembani "brondong" kapena "berondong". Yesaninso "janda", dzina la mkazi wamasiye kapena amene banja lake linatha. Azimayi oterewa anthu amawanena kwambiri kumeneko, n'chifukwa chake olemba amakonda kuwaika pakati pa nkhani.

Musanayambe kuwerenga, onani zaka za mnyamatayo. Kuyambira 2019, lamulo la ku Indonesia limati mwamuna ndi mkazi yemwe akwanitse zaka 19 asanalowe m'banja. Mukaona kuti akadali pa SMA, yomwe ndi sekondale, nkhaniyo isiyeni, ameneyo ndi mwana.

Kenako uzani Chrome ikumasulireni tsambalo.

Koma apa mundimvetsetse, chifukwa ndi pamene pagona nkhani. Makina omasulira amameza mawu oitanirana, pomwe chikondi chonse chimabisala m'menemo. Muzibwerera ku tsamba losamasulira n'kuona mmene awiriwa akuitanirana. Poyamba mnyamata amati "Mbak", ngati kunena kuti achemwali. Akati "Tante", ndiye kuti akumuona ngati azakhali, mtunda ulipo wautali. Tsiku lina, mwina ali pa njinga yamoto m'chipwirikiti cha magalimoto a mu Jakarta, amangomutchula dzina lokha, wopanda "Mbak". Mkaziyo amangoti zii. Ineyo pamenepa ndimaika kaye foni pansi.

Yang'aniraninso mawu akuti "saya" ndi "aku". Onse ndi "ine", koma "saya" ndi waulemu, wa ku ofesi, pamene "aku" ndi wa anthu ozolowerana. Ndipo mkazi akafika pomuitana mnyamatayo kuti "Mas", ulemu umene Ajava, mtundu waukulu wa anthu a ku Indonesia, amapereka kwa achimwene kapena kwa mwamuna wa m'nyumba, dziwani kuti wamulandira.

Pomaliza, musalumphe mutu umene mnyamata akukamuonetsa mkaziyo kwa amayi ake. Werengani pang'onopang'ono, mumve mmene apongozi akufunsira zaka, za ana, ndi zimene achibale adzanene pa Lebaran, chikondwerero cha Eid chotsekera Ramadan, banja lonse likasonkhana.