Kudzala maluwa a alyssum kumadera otentha ndi achinyezi

Papaketi ya mbewu za sweet alyssum nthawi zambiri pamalembedwa kuti mufese nyengo yozizira ikangotha. Malangizo amenewo analembera anthu a ku Ulaya ndi ku North America. Mukawatsatira muli ku Nkhata Bay, ku Salima, ku Mangochi kapena ku Chigwa cha Shire, mudzafesa mu Seputembala, mbande n'kuwauka ndi dzuwa la Okutobala, zotsalazo mvula ya Disembala n'kudzamalizitsa. Kuno fesani mvula ikamatsazika, kumapeto kwa Epulo kapena mu Meyi, kuti maluwa asangalale kuyambira Juni mpaka Ogasiti.

Duwali, lomwe akatswiri a zomera amalitcha Lobularia maritima, kwawo ndi m'mphepete mwa nyanja ya Mediterranean ndi kuzilumba za Canary. Kumeneko limamera pamchenga ndi m'ming'alu ya miyala, ndipo nyengo yotentha imakhala youma. Dzuwa palokha limalipirira ndithu, bola mizu izipeza madzi. Chimene chimalipha ndi kutentha kophatikiza chinyezi: dothi losauma, masamba ogona onyowa, usiku wopanda kamphepo. Zikatero limayamba lasiya kuchita maluwa, pakati pa tsinde n'kuda, kenako n'kuola kuchokera pansi.

Ndi la banja limodzi ndi kabichi, repu, tchainizi ndi mpiru. Amene analimapo masamba amenewa kudimba aona kuti nthawi yake ndi yomweyo, matenda ake ndi omwewo.

Pofesa ndi pamene ambiri amalakwitsa. Mbewu zake ndi zazing'ono kwambiri, galamu imodzi imakhala ndi mbewu zoposa 2,000, ndipo zimafuna kuwala kuti zimere. Musazikwirire. Salazani bedi, lithirireni kaye, kenako sakanizani mbewu ndi mchenga wouma wosefa kuti zisagwere malo amodzi. Wazani mopyapyala, n'kutsindira pang'ono ndi chikhatho kapena kathabwa kuti mbewu igunde dothi. Basi. Amene anasamalapo nazale ya fodya sadzavutika, chifukwa dzanja lake ndi lomwelo. Pothirira gwiritsani ntchito keni ya timabowo ting'onoting'ono, kapena botolo lapulasitiki loboola pachitsekero ndi singano. Madzi okhuthula ndi chitini amakokolola mbewu zonse n'kukaziunjika m'mphepete mwa bedi, ndiye mumadzangoona zamera mulu umodzi.

Zimamera pakadutsa masiku 5 mpaka 14. Masabata awiri otsatirawo ndi oopsa. Mbande ikafota n'kugwa chogona, mukaiyang'anitsitsa n'kupeza kuti yaonda ndi kuda pomwe yagundana ndi dothi, amenewo ndi matenda a nkhungu ya m'dothi, ndipo yogwayo sidzukanso. Zulani zodwalazo pamodzi ndi dothi lake, chepetsani madzi, chotsani udzu wophimba ngati munaika. Thirirani m'mawa okhaokha. Ndikudziwa kuti ambiri timapeza mpata wothirira madzulo tikaweruka, koma kumalo achinyezi madzi amadzulo amagona pamasamba mpaka kucha, ndipo nkhungu imafuna zomwezo.

Mbande zikatulutsa masamba anayi, patulirani kapena wokerani motalikirana masentimita 15 mpaka 20. Kunyanja ndingakonde 20 kapena kupitirira pang'ono, kuti mphepo izidutsa. Bedi lidzaoneka lamipata kwa kanthawi, koma alyssum amayanga m'mbali, nthawi zambiri satalika kupitirira masentimita 20, ndipo mipatayo amaitseka yekha. Wokerani zikadali zazing'ono, ndi dothi lake lakumizu, dzuwa litapepa.

Dothi la makande silimuyanja. Kwezani bedi masentimita 15 kapena 20, sakanizani ndi mchenga wa kumtsinje ndi kompositi wowolerana bwino. Manyowa musachulutse, feteleza wa yureya ndiye ayi: mudzakolola masamba obiriwira bwino opanda duwa. Miphika ndi ndowa zakale zimachita bwino kwambiri mukaziboola pansi, ndipo zili ndi ubwino wina woti mvula ikalimbikira mumangozinyamula n'kuziika pakhonde. Malo abwino ndi ofika dzuwa lam'mawa, masana pakhale kamthunzi, monga kum'mawa kwa nyumba. Ku Dedza kapena pa phiri la Zomba dzuwa la tsiku lonse silivuta. A ku Thyolo ndi ku Mulanje asamale ndi chiperoni: masiku amene kukuwaza, keni ipume.

Maluwa amayamba pakatha masabata 6 mpaka 8 chifesereni, timaluwa tambirimbiri tonunkhira uchi. Akayamba kuchepa, nthambi n'kuoneka zazitali zopanda kanthu, metani ndi sizasi kuchotsa pafupifupi theka, thirirani, ndipo pakapita masabata awiri kapena atatu aphukiranso. Anthu amachita mantha kumeta chomera chokongola, koma chosameta ndi chimene chimatha msanga.

Pogula mbewu, sankhani zoyera. Mitundu ngati Snow Crystals ndi Carpet of Snow imalimba pakutentha kuposa yapepo ndi yapinki ngati Royal Carpet ndi Rosie O'Day. Palinso Snow Princess, wopirira kutentha kwambiri, koma ameneyu sabereka mbewu, amachulukitsidwa ndi nthambi zokha. Njira ya nthambiyi imatheka pa mitundu inanso: dulani nsonga yanthete ya masentimita 5 mpaka 8, chotsani maluwa ndi masamba am'munsi, zikani mumchenga wonyowa pamthunzi, mizu imatuluka m'masabata awiri kapena atatu. Komabe kumalo achinyezi nthambi zambiri zimaola zisanagwire, ndiye mbewu ndi yotsika mtengo komanso yosavuta.

Alimi a masamba, duwali si la pakhomo pokha. Ku Salinas Valley, m'chigawo cha California, alimi a letesi osathira mankhwala amadzala alyssum m'minda mwawo kuti akope timantchentche tina tamizere yachikasu, tooneka ngati njuchi, timene timaima malo amodzi m'malere. Timeneti timadya timadzi ndi mungu wa maluwa, koma mphutsi zake zimadya nsabwe za m'masamba. Mzere umodzi m'mbali mwa bedi la letesi kapena tomato ndi woyenera kuuyesa. Pafupi ndi kabichi ndi repu khalani tcheru, popeza tizilombo toboola masamba a mbewu zimenezi timagweranso pa alyssum. Pabedi pomwe kabichi anatupa mizu musadzalepo.

Mu Seputembala siyani mitsinde ingapo osameta. Timakoko take tozungulira tikauma, yalani nyuzipepala pansi, gwedezani nthambi, petani pang'ono. Mbewu ziume pamthunzi, kenako muziike mu envelopu, envelopuyo m'botolo lotseka bwino, chifukwa chinyezi cha dzinja chimaononga mbewu yongosiyidwa pawindo. Zina zimagwera pansi n'kumera zokha ndi mvula yoyamba, koma kunyanja zambiri mwa zimenezo sizifika Febuluwale, choncho za m'botolo zija muzisunge mpaka Epulo.