Momwe mungapangire boti la thanga la faiba loyenera mpikisano ndi maulendo ataliatali

Ngalawa za matanga si zachilendo ku gombe la Nkhotakota, chifukwa m'zaka za m'ma 1800 a Jumbe ankawolotsa nazo minyanga ya njovu ndi akapolo kupita kutsidya la kum'mawa. Zawo zinali zamatabwa, koma boti limene tikufotokoza pano ndi la faiba (ulusi wa galasi womatidwa pamodzi n'kuuma), lothamanga pampikisano komanso lokhala ndi kachipinda kogonamo anthu paulendo wochoka ku Senga Bay kupita ku Likoma. Zofuna ziwirizi zimalimbana pa nkhani ya kulemera, ndipo mmisiri ayenera kuyeza pasikelo chilichonse cholowa m'botimo.

Yambani ndi pulani yojambulidwa ndi katswiri wa maboti, osati yongoyerekeza ndi maso. Mumuuze kuti boti lidzakumana ndi mwera, mphepo ya kumwera chakum'mawa imene imautsa mafunde aafupiafupi koma oima kuyambira mwezi wa Meyi mpaka Ogasiti, ndiponso kuti madzi athu ndi opanda mchere, kotero thupi la boti limalowa m'madzi mozamirapo pang'ono kuposa momwe lingalowere panyanja yamchere. Popeza magombe ambiri a ku Salima ndi amchenga komanso osaya, ndi bwino kusankha keel (chipsepse cholemera cha pansi pa boti choliteteza kuti lisagubuduzike) yotha kukwezedwa. Chitsulo kapena mtovu wa mu keel nthawi zambiri umakhala gawo limodzi mwa magawo atatu a kulemera kwa boti lonse, kapena kupitirirapo pang'ono.

Kenako pangani chitsanzo cha thupi la boti ndi matabwa ndi pulaiwudi, chozondoka, ndipo muchimate ndi kuchipala ndi sandipepa mpaka chisalale ngati galasi. Apa musathamange, chifukwa kabowo kalikonse kotsala pachitsanzo kadzaoneka m'chikombole, ndipo kadzabwerezedwa paboti lililonse lotuluka m'chikombolecho. Pakani phula loletsa kumamatira kangapo, muyale faiba yochindikala pamwamba pake, muilimbitse ndi mafelemu kunja, ndipo ikauma muichotse. Chimenecho ndicho chikombole.

Kuumba boti lenileni kumayambira kunja kulowa mkati. Mukapaka phula m'chikombole, pakani gelcoat (utoto wolimba wokhala kunja kwa boti) wochindikala pafupifupi theka la milimita, ndipo mudikire mpaka pamene chala chikumva kunata koma osatenga utoto. Yalani mati (nsalu ya faiba yosalukidwa) yopyapyala ya magalamu 300 pa sikweya mita, kenako ya magalamu 450 mosinthanasinthana ndi nsalu ya faiba yolukidwa, monga ikunenera pulani. Mati imamwa rezini (guluu wamadzimadzi amene amauma n'kulimbitsa faiba) wolemera kawiri kapena kawiri ndi theka kuposa iyo, ndipo wopitirira pamenepo amangolemeretsa boti osawonjezera mphamvu. Pondani ndi rola yachitsulo mpaka mati itasiya kuoneka yoyera. Kadontho koyera kotsala ndi mpweya, ndipo pamenepo ndi pamene thupi lidzayambire kufooka.

Chimene chimawononga ntchito kwambiri kuno ndi kutentha. Rezini wa polyester amagwirika bwino pakati pa madigiri 18 ndi 25, pamene mu Okutobala ku Salima kumapitirira madigiri 30 dzuwa likakwera. Mankhwala oumitsira otchedwa MEKP amathiridwa mamililita 10 mpaka 20 pa kilogalamu ya rezini. Nyengo yotentha tsatirani mlingo wotsikawo, koma osachepetsa kuposa pamenepo, chifukwa rezini sadzauma bwino. Sakanizani pang'onopang'ono m'zitini zazing'ono, popeza rezini wambiri m'ndowa imodzi amatentha yekha, kufuka utsi ndi kuuma burashi ili m'kati. Amisiri ozindikira amayamba m'mamawa, pamthunzi podutsa mphepo, atavala magolovesi, magalasi ndi chophimba kumphuno, chifukwa fungo la rezini limazunguza mutu ndipo dontho la MEKP likagwera m'maso likhoza kuchititsa khungu. Pamalopo pasayandikire fodya kapena mbaula.

Musachotse thupi m'chikombole musanamange nthiti zake ndi makoma a pulaiwudi ya m'madzi, kuopa kuti lingapindike. Limbitsani kwambiri pomangira keel, pansi pa mlongoti, pogwira zingwe za mlongoti ndi pa chiwongolero. Denga la boti limaumbidwa palokha, ndipo pakati pake pamaikidwa foam (chinthu chopepuka chonga siponji koma cholimba) kuti likhale lolimba koma lopepuka, kenako limalumikizidwa kuthupi ndi guluu ndi mabawuti osachita dzimbiri. Za m'chipinda zikhale zochepa: mabedi, kakabati ndi malo a mbaula ya gasi basi.

Pansi pa boti pakani epoxy (mtundu wina wa rezini wotchinga madzi) kangapo musanaliike m'madzi, chifukwa madzi opanda mchere amalowerera mu gelcoat ndi kutulutsa matuza msanga kuposa amchere. Lembetsani botilo ku nthambi ya boma yoona za maulendo apamadzi, ikanimo majekete opulumukira ndi nangula, ndipo muliyese koyamba tsiku labata pafupi ndi gombe, mukuyang'ana ngati mabawuti a keel akuchucha. Matanga onse mudzawakweze pokhapokha mutatsimikiza kuti m'botimo ndi mouma ndipo zingwe za mlongoti zakungika mofanana mbali zonse.