Mukufuna volontiya wa Peace Corps kapena JICA kumudzi kwanu? Yambirani apa

Ife okhala mu Lusaka ndife timatumidwa zonse, kumudzi ku Katete kapena ku Petauke akangomva kuti mudzi woyandikana nawo kwabwera mlendo wophunzitsa kuweta nsomba basi foni yalira, ati iwe uli ku tauni komwe kuli maofesi, katipezere wathu. Manje munthu uyamba kuzungulira tauni ndi kalata ya a mfumu m'thumba ngati ukufuna ntchito, pamene nkhani imeneyi siiyambira mu Lusaka ai, iyambira ku boma kwanu komweko.

Dziwani kaye kuti anthu awa ndi ndani, chifukwa ambiri timawasokoneza ndi ma donor. Peace Corps ndi ya boma la America, anaiyambitsa ndi John F. Kennedy pa 1 March 1961, atafunsa ana a sukulu pa University of Michigan mu October 1960, usiku pakati, ngati angalole kukagwira ntchito kumayiko osauka. Mlamu wake Sargent Shriver ndiye anali bwana woyamba ndipo magulu oyamba anapita ku Ghana ndi ku Tanganyika chaka chomwecho. Si chifundo chokha chinawatuma, inali nthawi ya Cold War ndipo America imafuna mabwenzi mu Africa momwe mayiko amalandira ufulu motsatizana. Ku Malawi anafika 1963 koma kuno kwathu anachedwa, pangano linasainidwa 1993 nthawi ya a Chiluba, gulu loyamba nkufika 1994 kudzagwira za madzi ndi ukhondo. Aku Japan ndiwo anatipeza kale, bungwe lawo la JOCV linayamba 1965, kutumiza anthu oyamba ku Laos, ndipo ku Zambia anafika 1970, oyambawo anali ophunzitsa judo. Masiku ano timangoti ma volontiya a JICA, bungwe la boma la Japan lothandiza mayiko ena pa chitukuko. VSO, bungwe lina la ma volontiya la ku Britain la 1958, ndi yosiyana pang'ono, anaiyambitsa ndi Alec ndi Mora Dickson, si dipatimenti ya boma ngakhale boma lawo lakhala likuponyamo ndalama.

Onsewa chomwe amabweretsa ndi munthu, a Peace Corps ndi a JICA nthawi zambiri kwa zaka ziwiri. Wa Peace Corps amakhala miyezi 27, itatu yoyamba ali pa training kuphunzira Chinyanja, Chibemba, Chitonga kapena chilankhulo cha komwe adzakhale, yotsalayo ali kumudzi. Sabwera ndi galimoto, sabwera ndi cheke, amabwera ndi njinga yakapalasa ndi chikwama. Ngati chomwe mudzi ukufuna ndi block ya makalasi kapena borehole, kaoneni a khansala ndi komiti ya CDF, mudzapindula msanga kuposa kudikira volontiya.

Ndiye musanalembe kalata iliyonse khalani pansi, mfumu, a PTA, azimayi a mu kilabu, achinyamata, mugwirizane ntchito imodzi yomwe munaiyamba kale nokha koma ikukanika penapake. Ichi ndiye chachikulu pa zonse. Kunena kuti tikufuna chitukuko sikuthandiza aliyense. Nenani kuti tili ndi madamu a nsomba ku dimba koma nsomba sizikula, kapena ana a Grade 8 sakutha kuwerenga Chingerezi, kapena azimayi apakati akuchedwa kuyamba sikelo. Peace Corps mu Zambia yakhala ikugwira mbali zinayi: nsomba yomwe amaitcha RAP, ulimi ndi mitengo yomwe ndi LIFE, maphunziro akumidzi RED, ndi zaumoyo. Vuto lanu likagwera kunja kwa izi, monga kukonza makina, kompyuta, masamu ndi sayansi ku sekondale, masewera, apo ganizani za JICA, iwo ndiwo amatumiza anthu a luso limodzi lodziwika ndipo amapezeka ngakhale m'matauni, m'makoleji ndi muzipatala. A Peace Corps ambiri ndi akumudzi kwenikweni, sukulu ya ku Chawama kapena ku Matero isayembekeze kwambiri kumeneko.

Kalata idutse kwa eni ntchito. Ya sukulu imachoka kwa a head kupita kwa DEBS, bwana wa maphunziro mu district, ya chipatala kwa in-charge kupita ku ofesi ya zaumoyo ya district, ya nsomba kwa ofisala wa Fisheries, ya ulimi kwa camp officer kapena a Forestry. Chifukwa chake nchakuti ma volontiya awa amabwera pa pangano la boma ndi boma, sangaikidwe pamalo pomwe unduna sukudziwa. Ya JICA ndiye imakwera mpaka ku unduna kuno ku Lusaka, kenaka ku Japan akalengeze kuti pakufunika munthu wa luso lakuti, apezeke, aphunzitsidwe kumalo awo a training konko ku Japan, ndiye chaka chimatha mosavuta muli chidikirire, nthawi zina munthu osapezeka nkomwe. Inu a mu tauni ntchito yanu apa ndi kuthandiza kulemba kalata yomveka, kutayipa, kuika manambala a foni omwe amagwiradi, ndi kukumbutsa a ku district mwaulemu. Palibe ndalama yolipira kuti mupatsidwe volontiya, wina akati ndipatseni ya fomu ameneyo ndi wakuba.

A ku ofesi ya Peace Corps kapena JICA akaona kuti malo anu angatheke amabwera okha kudzaona ndi kuchititsa msonkhano. Apa musabise zinthu. Amayang'ana ngati msewu umapitika nthawi ya mvula, network ya foni imagwira pati, madzi ali kutali bwanji, chipatala chili kuti, komanso ngati pamudzi pali mtendere. Ndipo amaona amene abwera ku msonkhano, akapeza amuna asanu okha ndi a mfumu amadziwa kuti mudzi sunafunse, afunsa ndi anthu asanu.

Nyumba ndi yanu kumanga, ya wa Peace Corps makamaka. Siyofunika kukhala ya malata, yaudzu ili bwino bola isadonthe, muyale pulasitiki pansi pa udzu, chitseko cholimba chokhoma ndi loko, mawindo otsekeka, chimbudzi chakechake chokhala ndi chovindikira pa dzenje, bafa, ndi ka insaka kophikiramo ndi kulandiriramo alendo. Ikhale pafupi ndi banja lodalirika lomwe lidzakhale ngati makolo ake, osati kumapeto kwa mudzi, osatinso pafupi ndi pomwe amagulitsa kachasu. Miyezo yeniyeni adzakupatsani eni ake, itsatireni. Midzi yambiri imagwa pamenepa, kuumba njerwa aliyense amavomera pa msonkhano koma tsiku logwira ntchito kubwera anthu atatu, mpaka gulu la ma volontiya lafika nyumba ilibe denga, munthu nkupita naye kwina.

Kenaka sankhani counterpart, munthu wa pamudzi amene adzayende naye tsiku ndi tsiku. Ine pano ndimalimbikira kwambiri. Musasankhe mwana wa a mfumu chifukwa ndi mwana wa a mfumu, musasankhenso mnyamata amene akungodikira ma results kuti athawire ku Lusaka. Sankhani amene ali ndi munda, banja, dimba, amene zaka khumi zikubwerazi adzakhala pompo, ndipo akhale awiri, wamkazi ndi wamwamuna. Tengani za nsomba: volontiya adzaonetsa kukumba damu lotsetsereka, mbali ina yakuya ina yosaya, kuika manyowa a nkhuku kapena a mbuzi pakona mpaka madzi asanduke obiriwira, kulowetsa mkono mpaka m'chigongono kuona ngati chikhatho chikuonekabe, kuwerenga tiana ta nsomba molingana ndi kukula kwa damu, kuthira gaga nthawi imodzimodzi tsiku lililonse. Zonsezi zikalowa m'manja mwa mayi mmodzi wakhama, azidzaphunzitsa anzake mlendo atapita kale. Ndipo counterpart salandira salary, muwauziretu poyera kuti pasadzakhale kudandaula.

Akafika musamuthamangitse. Miyezi yoyamba amauzidwa kuti ayambe waphunzira mudzi, ndiye mukamuona akungoyenda, kupereka moni, kukhala pa maliro, kulemba mu kabuku, si ulesi. Mulankhuleni Chinyanja ngakhale akuphotchola, mukamuyankha m'Chizungu nthawi zonse sadzaphunzira. Ena sadya nyama, mpatseni chibwabwa chotendera, za mbewa musakakamize, adzalawa yekha akafuna. Komanso si onse azungu, America ili ndi anthu akuda ndi ochokera ku Asia, kumuuza munthu kuti ife timafuna mzungu weniweni ndi mwano woopsa. Ana asamusuzumire pawindo, ndipo wamkazi anyamata amusiye, nkhani imodzi yachipongwe imatseketsa malo onse.

Za ngongole ndi kupempha, kanizani anthu kuyambira tsiku loyamba. Ndalama yomwe amalandira ndi yodyera chabe yochokera ku boma lake. Tima grant tating'ono tilipo, monga Peace Corps Partnership Program, koma kumeneko mudzi umayenera kuikapo 25 peresenti, kaya ndi njerwa, mchenga kapena thukuta, ndipo ndi bwino pulojekiti yotere ibwere chaka chachiwiri anthu atadziwana. Zonse muzilemba mu buku lomwe limakhala kwa komiti osati kwa mlendo, chifukwa amatha kuchoka mwadzidzidzi. Mu March 2020 COVID itavuta Peace Corps inabweza ma volontiya ake onse padziko, pafupifupi 7,000, m'masiku ochepa chabe, ndipo anabwereranso mu March 2022, Zambia ili m'gulu la mayiko oyamba kuwalandira.

Mwina ena mukuti nanga ife sitingapiteko kunja? Peace Corps ndi ya nzika za America zokha, JICA ya aku Japan. Khomo lathu ndi UN Volunteers ya 1970, umalembetsa pa intaneti ndipo utha kugwira mkati mwa Zambia kapena kunja, ndi weltwärts, pulogalamu ya ma volontiya ya boma la Germany, yomwe kuyambira 2013 imatenganso achinyamata a kuno kupita ku Germany kudzera m'mabungwe omwe ali nawo pa ubale. Kulembetsa ku UN Volunteers ndi kwaulere, konzani chabe CV, ma certificate ndi passport.