Kuwerenga mabuku a ku Scotland: yambani ndi khutu, pensulo m'manja

Buku loyamba la ku Scotland limene ndinatsegula linali Waverley la Walter Scott, ndipo linandigonjetsa. Mitu ingapo yoyambirira ndinali ndikuwerengabe za ubwana wa mnyamata wa ku England, dziko la Scotland osaoneka n'komwe. Ndinalitseka, likakhala pashelefu zaka ziwiri likutola fumbi. Vuto silinali bukulo ayi. Ndinali nditalowera pakhomo lolakwika, ndi funso lolakwikanso, lakuti "kodi anthu a ku Scotland ndi otani?" Funso limene linadzanditsegulira njira ndi laling'ono: pa tsamba ili, ndani akulankhula chinenero chiti, nanga ndani wamulola? Zimene ndikulemba panozi ndi njira yofunsira funso limeneli.

Choyamba mudziwe kuti zolembedwa za dzikoli zili m'zinenero zitatu. Pali chiGaelic, cha kumapiri a kumpoto ndi kuzilumba za kumadzulo, chimene n'chapachibale ndi chinenero cha ku Ireland ndipo sichifanana ndi Chingerezi ngakhale pang'ono. Pali chiScots, cha kuzigwa za kumwera ndi kummawa, chimene chinaphuka pa tsinde limodzi ndi Chingerezi koma n'kukula pachokha. Kenako pali Chingerezi chimene. Kalembera wa mu 2011 anapeza anthu pafupifupi 57,000 olankhula chiGaelic, ndipo oposa 1.5 miliyoni ananena kuti amatha kulankhula chiScots. Musamatenge chiScots ngati Chingerezi chopindika. Kale chinali chinenero cha mafumu ndi malamulo. John Barbour analemba ndakatulo yaitali yonena za mfumu Robert Bruce cha m'ma 1375, ndipo mu 1513 Gavin Douglas anamaliza kumasulira Aeneid yonse ya Virgil kuchokera m'Chilatini kupita m'chinenerochi.

Nanga chinatsika bwanji pampando? Sungani zaka zochepa izi pamtima, zina zonse muzidzazipeza m'njira. Mu 1560 mpingo wa dzikolo unapatukana ndi Roma, koma Baibulo limene linalowa m'matchalitchi ndi m'nyumba linali la Chingerezi. Chipangano Chatsopano cha chiScots chomasuliridwa ndi W. L. Lorimer chinadzasindikizidwa mu 1983, tangoganizani kutalika kwa nthawiyo. Mu 1603 mfumu James VI analandiranso ufumu wa England n'kusamukira ku London, alakatuli n'kutsala opanda bwalo la mfumu lowadyetsa. Mu 1707 nyumba za malamulo ziwiri zinaphatikizidwa, ngakhale Scotland inasunga malamulo ake, mpingo wake ndi maphunziro ake. Mu 1746 nkhondo ya ku Culloden inathyola mphamvu za mafuko a kumapiri. Mulungu akamalankhula Chingerezi, mfumu n'kumalankhula Chingerezi, chinenero cha pakhomo chimayamba kuoneka ngati choyenera nthabwala, nyimbo ndi kukalipira ana basi. Olemba onse otsatira anabadwira m'vuto limeneli.

Tsopano yambani kuwerenga, ndipo yambani ndi ndakatulo imodzi yaifupi ya Robert Burns. Ine ndimasankha "To a Mouse", ya mu November 1785, pamene mlimi akulima wagumula chisa cha mbewa ndi pulawo yake. Musaiwerenge chamumtima. Fufuzani pa intaneti munthu wa ku Scotland akuilakatula, mumvere katatu musanayang'ane tsamba, kenako muiwerenge mokweza inuyo, ngakhale lilime likukana. Mawu ambiri amene amaoneka achilendo m'maso amamveka odziwika m'khutu. Otsalawo mufufuze mu Dictionaries of the Scots Language, mtanthauziramawu waulere wa pa intaneti. Musadalire timatanthauzo ta m'mphepete mwa tsamba, chifukwa timapereka tanthauzo limodzi lokha. Mawu akuti sleekit, amene Burns akutchulira mbewayo pa mzere woyamba, amanena za ubweya wosalala, koma amanenanso za kuchenjera kozembera. Mlimiyo akuisilira mbewa kwinaku akudziwa kuti imamubera. Mukangotenga tanthauzo limodzi, theka la mzerewo lapita.

Ndiye tengani mapensulo awiri a mitundu yosiyana. Mzere wa chiScots muulembe ndi mtundu umodzi, wa Chingerezi ndi winawo. Mu ndakatulo ya mbewayi mudzaona chinthu chimene chinandidzidzimutsa tsiku limene ndinachiona: ndime yoyamba, pamene akulankhula ndi kanyamako mwachifundo, ndi chiScots chokhachokha. Ndime yachiwiri, pamene akupepesa kuti ulamuliro wa munthu wasokoneza mgwirizano wa chilengedwe, ili pafupifupi yonse m'Chingerezi cha m'mabuku a nzeru za nthawiyo. Kenako akubwerera ku chiScots kukamba za chisanu ndi udzu. Burns ankadziwa bwino zinenero zonse ziwiri, ndipo ankasankha. Anthu a ku Edinburgh ankakonda kumutenga ngati mlimi wosaphunzira amene luso linangomugwera kuchokera kumwamba, iye n'kuwalola chifukwa zinkamugulitsira buku, koma anali atawerenga kwambiri. Buku lake loyamba linasindikizidwa ku Kilmarnock mu 1786, makope 612 okha.

Mapensulo omwewo mupite nawo ku nthano zazitali, chifukwa kumeneko ndiko amagwira ntchito yaikulu. Ndikukulangizani muyambe ndi Sunset Song ya Lewis Grassic Gibbon, ya mu 1932, osati Scott. Ndi nkhani ya Chris Guthrie, mwana wa mlimi wa dera la Mearns kumpoto chakummawa, kuyambira ali mtsikana mpaka nkhondo yoyamba ya dziko lonse itadya amuna a m'mudzimo. Gibbon akunena poyera kuti mwa Chris muli anthu awiri, wina wokonda mabuku ndi Chingerezi cha kusukulu, wina wokonda nthaka ndi kalankhulidwe ka makolo ake. Koma chimene muyenera kuyang'anitsitsa ndi mfotokozankhani. Mawu ake ambiri ndi a Chingerezi, koma kayendedwe ka ziganizo ndi ka chiScots, kautali, kopuma ngati munthu akusimba miseche pakhomo. Mapensulo anu adzasowa poima, ndipo kusowa poimako ndiko phunziro lake.

Mukatero mubwerere kwa Scott, monga ndinabwerera ine. Waverley inatuluka mu 1814, ndipo ikusimba za kuukira boma kwa mu 1745, kumene kunathera ku Culloden kuja. Lembani mizere yanu mudzaone: mfotokozankhani ndi mnyamata wa nkhaniyo akulankhula Chingerezi chosalala, pamene chiScots chili m'kamwa mwa antchito, okalamba ndi anthu oseketsa, chotsekeredwa m'zizindikiro za mawu olankhulidwa ngati ng'ombe m'khola. Komabe ndikuuzeni zoona, moyo wa bukulo uli mwa anthu a m'kholawo. Scott ankawakonda, ankawamva bwino, koma mphamvu yoweruza nkhani anaisiya m'Chingerezi. Zaka 180 pambuyo pake James Kelman anagumula kholalo. Mu How Late It Was, How Late, mawu a munthu wosauka wa ku Glasgow ndi mawu a mfotokozankhani ndi amodzi, palibe womuyang'ana kuchokera pamwamba. Bukulo litapata mphotho ya Booker mu 1994, mmodzi mwa oweruza anadandaula poyera, ndipo manyuzipepala anatanganidwa n'kuwerenga kuchuluka kwa mawu otukwana. Mkangano weniweni unali wakuti kodi munthu wotere ali ndi ufulu wosimba nkhani yake m'mawu ake.

Apa ndichenjeze za misampha iwiri imene ndinagwamo.

Woyamba ndi nsalu ya mizere yopingasana ija, tartan, ndi chitoliro cha chikopa. Zithunzi zimene dziko lonse limadziwira Scotland ndi za kumapiri, koma anthu ambiri a dzikolo sanali a kumapiri, ndipo pambuyo pa Culloden boma linaletsa chovalacho mpaka 1782. Chinabwerera bwanji ngati chizindikiro cha dziko lonse? Mbali ina ndi Scott yemweyo, amene mu 1822 anakonza mwambo wolandira mfumu George IV ku Edinburgh, mfumuyo n'kuvala chovala cha kumapiri. M'zaka zomwezo eni minda ankathamangitsa mabanja olankhula chiGaelic m'zigwa zawo kuti aikemo nkhosa. Chovala chinkalemekezedwa mumzinda, eni chovala akukwera zombo kupita ku Canada. Mukamazukuta buku lililonse lonena za kumapiri, funsani chaka chimene linalembedwa ndi amene analembedwera. Chimodzimodzi ndi ndakatulo za Ossian zimene James Macpherson anayamba kutulutsa mu 1760, akuti ndi zomasulira za mlakatuli wakalekale. Samuel Johnson, wolemba wotchuka wa ku England, anazitcha zabodza. Zoona zake zili pakati: Macpherson anatola nyimbo zenizeni za chiGaelic n'kuzisoka ndi zake zambiri, ndipo Ulaya yense anazikonda.

Msampha wachiwiri ndi wa anthu ophunzira. Mu 1919 G. Gregory Smith anati zolembedwa za ku Scotland zimadziwika ndi zinthu ziwiri zotsutsana zokhala m'thupi limodzi, n'kupatsa maganizowo dzina lakuti Caledonian antisyzygy. Mudzalipeza paliponse. Limakwanira bwino pa buku la James Hogg la mu 1824 lonena za mnyamata wokhulupirira kuti anasankhidwa kale ndi Mulungu kotero sangachimwe, pamene nkhani imodzi ikusimbidwa kawiri ndi anthu awiri osagwirizana. Limakwaniranso pa Jekyll ndi Hyde wa Robert Louis Stevenson, wa mu 1886, ngakhale nkhaniyo ikuchitikira ku London. Ine ndinaledzera nalo dzinali, n'kuyamba kuona anthu awiriawiri m'buku lililonse. Kiyi wotsegula khomo lililonse ndi wokayikitsa. Ligwiritseni ntchito pamene tsamba lenilenilo likukuonetsani kugawikana, ndipo mukumbukire kuti ndi maganizo a munthu mmodzi wa chaka chinachake, osati magazi a mtundu.

Mkangano umene ndikufuna muuwerenge mbali zonse ziwiri ndi wa alakatuli awiri, Hugh MacDiarmid ndi Edwin Muir. MacDiarmid, dzina lake lenileni Christopher Murray Grieve, anatola mawu akale m'mtanthauziramawu wa John Jamieson ndi m'madera osiyanasiyana, n'kuumba chiScots chotha kunyamula nzeru zakuya, monga m'ndakatulo yake yaitali ya mu 1926 ya munthu woledzera akuyang'ana chomera chaminga. Mu 1936 Muir analemba kuti anthu a ku Scotland amamva ndi chinenero china n'kumaganiza ndi china, choncho wolemba wofuna kupita patali alembe m'Chingerezi. Ubwenzi wawo unathera pomwepo. Ine ndili kumbali ya MacDiarmid pa mfundoyi, chifukwa ndakatulo zake zazifupi zikutsutsa Muir pazokha. Koma Muir anaona bala lenileni, ndipo musamunyoze musanamuwerenge.

ChiGaelic musachilambalale chifukwa choti simuchidziwa. Nanenso ndimangodziwa timawu towerengeka. Pezani mabuku amene ali ndi chiGaelic kumanzere, kumasulira kumanja. Yambani ndi "Hallaig" ya Sorley MacLean, wobadwira pachilumba cha Raasay mu 1911, yonena za mudzi umene anthu ake anachotsedwa, pamene mlakatuli akuona akufa akuyenda ngati mitengo. Mawu ake akulakatula anajambulidwa, ndipo kumumvera ngakhale osamva tanthauzo kumakuuzani zimene kumasulira kwataya. Muwerenge mukudziwa kuti lamulo la maphunziro la mu 1872 silinapereke malo kwa chiGaelic m'sukulu, ndipo ana ambiri ankalangidwa akachilankhula. Pa Tobar an Dualchais, nkhokwe ya pa intaneti, mungamvere nyimbo ndi nthano zojambulidwa kuchokera kwa anthu wamba. Zambiri za chinenerochi zinasungidwa pakamwa, ndipo zambiri mwa izo ndi amayi.

Izi zikundifikitsa pa funso limene ndimalemba kumapeto kwa buku lililonse: ndani sali muno? Mabuku akale a mbiri ya zolembedwazi amangodumpha kuchoka kwa bambo wina kupita kwa bambo wina. Nan Shepherd analemba The Living Mountain, za mapiri a Cairngorm, m'zaka za m'ma 1940, koma linasindikizidwa mu 1977. Lero nkhope yake ili pa ndalama ya pepala ya mapaundi asanu. Muriel Spark, wa The Prime of Miss Jean Brodie ya mu 1961, anakhala zaka zambiri ku Italy, ndipo ena ankakayika ngati ndi wa ku Scotland mokwanira. Palinso chimene chimandiwawa. Nkhani yakuti Scotland inaponderezedwa ndi yoona mbali ina, koma dzikoli linapindulanso ndi ufumu wa Britain. Amalonda a ku Glasgow analemera ndi fodya ndi shuga wolimidwa ndi akapolo, ndipo Burns yemwe, woimba za ubale wa anthu onse, mu 1786 anali atakonzeka kupita ku Jamaica kukagwira ntchito pa munda wa akapolo. Kuyenda bwino kwa buku lake ndiko kunamutsalitsa. Sindinasiye kumukonda nditadziwa izi, koma ndimamuwerenga mosiyana. Pambali pake ikani Jackie Kay, wobadwira ku Edinburgh mu 1961 kwa mayi wa ku Scotland ndi bambo wa ku Nigeria, amene mu 2016 anakhala Makar, mlakatuli wa dziko, udindo umene unayamba mu 2004, zaka zisanu nyumba ya malamulo itabwerera ku Edinburgh mu 1999.

Khalani ndi kope limodzi. Buku lililonse mulipatse tsamba lake: chaka, dera la wolemba, chinenero cha mfotokozankhani, chinenero cha ampangankhani, mawu asanu a chiScots kapena chiGaelic amene mwatola, ndi anthu amene akusowa. Mabuku a akatswiri ozukuta muwatsegule mutamaliza mabuku asanu kapena asanu ndi limodzi, kuti mukhale ndi chowatsutsa nacho. Tsamba langa la Waverley lili ndi madeti awiri, la tsiku limene ndinalitseka ndi la tsiku limene ndinalimaliza, ndipo pansi pake pali mndandanda wa antchito ndi okalamba aja, aliyense ndi nambala ya tsamba limene akuyambira kulankhula.