Kupanga kalendala ya dziko longopeka

Achinyamata angapo a kuno ku Lusaka amene amalemba nkhani za maiko ongopeka akhala akundionetsa zolemba zawo, ndipo kawirikawiri ndimapeza ufumu wa mafumu achilendo ndi zilombo zolankhula, koma anthu ake akupangana zokumana Lachitatu mu Okutobala. Ena amangosintha mayina a miyezi 12 n'kusiya china chilichonse monga momwe chilili pa kalendala yapakhoma. Langizo langa ndi lakuti mayina abwere pomalizira, ndipo ntchito iyambire kumwamba ndi kumunda.

Choyamba sankhani kutalika kwa chaka ndi kwa mwezi. M'dziko lathu chaka chili ndi masiku 365 ndi maola pafupifupi 6, pamene mwezi umatenga masiku pafupifupi 29 ndi theka kuchokera pamene wakhala kufikira utakhalanso. Miyezi 12 yotere imakwana masiku 354 okha, ndipo masiku 11 otsalawo ndiwo avutitsa mitundu ya anthu kuyambira kalekale. Kalendala yachisilamu imangotsata mwezi, n'chifukwa chake Ramadan imafulumira ndi masiku pafupifupi 11 chaka chilichonse. Ayuda amawonjezera mwezi wachi 13 kasanu ndi kawiri pa zaka 19 zilizonse, pamene ku Ethiopia kuli miyezi 12 ya masiku 30 ndi kamwezi kotchedwa Pagume ka masiku 5 kapena 6.

Tiyerekeze kuti m'dziko lanu chaka chili ndi masiku 340 ndipo mwezi umafa n'kukhalanso pa masiku 24. Miyezi 14 ikupatsani masiku 336, n'kutsala 4. Apa pali njira ziwiri. Mungathe kuika masiku 4 amenewo kumapeto kwa chaka ngati masiku osawerengedwa m'mwezi uliwonse, koma dziwani kuti pamenepo tsiku loyamba la mwezi silidzagwirizananso ndi mwezi wakumwamba mpaka patapita zaka 6. Mungathenso kuwasunga mpaka akwane 24, ndipo chaka chachisanu ndi chimodzi chilichonse chidzakhala ndi miyezi 15. Ine ndimakonda njira yachiwiriyi chifukwa imabala nkhani yokha. Mwana wobadwa m'mwezi wachi 15 angamuone ngati wamwayi kapena watsoka, ndipo wokongoza chimanga angakangane ndi wangongole ngati mweziwo ukuwerengedwa kapena ayi.

Mukatero werengani zotsatira zake pa moyo wa munthu, pakuti apa ndi pamene olemba ambiri amapunthwa. Mnyamata wa zaka 20 m'dziko limeneli wakhala ndi moyo masiku 6,800, zomwe kwa ife ndi zaka 18 ndi miyezi pafupifupi 7. Mayi woyembekezera sangachire pa miyezi 9, popeza masiku pafupifupi 270 ndi miyezi yopitirira 11 ya kumeneko.

Sabata ndi nkhani yaifupi, chifukwa silichokera kumwamba koma kwa anthu. Aigupto akale anali ndi sabata la masiku 10, ndipo Aigbo a ku Nigeria ali ndi la masiku 4 lotsata misika. Pa mwezi wa masiku 24, sabata la masiku 6 limalowa kanayi popanda chotsala. Potchula masikuwo kumbukirani kuti Loweruka lathu linachokera ku kuweruka pantchito, choncho funsani chimene anthu anu amachita pa tsiku lililonse.

Nyengo ndizo ziyenera kukupatsani mayina a miyezi ndi malo a zikondwerero. Ife timadziwa dzinja, masika ndi chilimwe, ndipo mvula yoyamba yozimitsa tchire lopserera timaitcha chizimalupsa, dzina limene limafotokoza lokha zimene maso akuona. Mayina a miyezi yanu akhale otero, onena za kubzala, za kusefukira kwa mtsinje, za njala ya pamene nkhokwe zatha mbewu zisanache. Onaninso kusiyana kwa miyambo ya m'dziko lathu lino. Nc'wala ya Angoni ku Mtenguleni imachitika kumapeto kwa Febuluwale, pamene Mfumu Mpezeni imalawa zipatso zoyamba za m'munda, ndipo Kulamba kwa Achewa ku Mkaika kumachitika kumapeto kwa Ogasiti, anthu atakolola kale. Kuomboka kwa Alozi kulibe tsiku lokhazikika, chifukwa kumadikira madzi a Zambezi kuti adzaze chigwa, ndipo chaka chimene madzi achepa mwambowo suchitika. M'dziko lanu mukhale chikondwerero chimodzi cha mtundu umenewu, chimene anthu sangachidziwiretu poyang'ana pa pepala.

Zimenezi zikutifikitsa pa funso limene ndimaliona kukhala lofunika kuposa masamu onse: ndani amalengeza kuti mwezi wakhala kapena kuti chaka chayamba? Wolengezayo ali ndi mphamvu pa msonkho, pa nsembe ndi pa tsiku lobweza ngongole. Mu 1582 Papa Gregory XIII atakonza kalendala, tsiku lotsatira 4 Okutobala linakhala 15 Okutobala, ndipo Britain inakana kusinthako mpaka 1752. Maufumu awiri oyandikana m'nkhani yanu angathe kusiyana chimodzimodzi, kalata n'kufika ndi deti limene kwa woilandira silinakwane.

Sankhaninso poyambira kuwerenga zaka. Agogo athu ambiri ankatchula chaka ndi chochitika, monga chaka cha dzombe kapena cha njala, ndipo anthu a mu Lusaka amakumbukirabe kadamsana wa pa 21 Juni 2001 pamene kunada masana. Alembi a mfumu angawerenge zaka ndi manambala kuchokera pamene ufumu unakhazikitsidwa, anthu a kumudzi n'kumazitchula ndi zochitika.

Zonsezi zilembeni pa pepala limodzi lokhala pambali panu polemba, ndipo pa mutu uliwonse wa nkhani lembani deti ndi maonekedwe a mwezi usiku umenewo, kuti munthu amene anathawa mumdima wa mwezi wakufa asapezeke akuyenda pa mwezi wathunthu patangopita masiku awiri.