Njira yofikira pa mpando wa Attorney General wa state ku America

Ku Malawi Attorney General amasankha ndi pulezidenti, koma ku America nkhani yake ndi ina, m'ma state 43 mwa 50 mpandowu ndi wa mavoti, ndiye kaya ndinu loya wakuthwa bwanji ngati simutha kampeni ingoiwalani. Onani kaye lamulo la state yanu. Ku Tennessee amasankha ndi khoti lalikulu la state, ku Maine ndi aphungu, pomwe ku New Jersey ndi Alaska amasankha ndi governor.

Za sukulu sizovuta kumva: digiri yoyamba zaka 4, mayeso olowera sukulu ya malamulo otchedwa LSAT, zaka 3 kusukulu ya malamulo, kenako bar exam kuti akuloleni kuima m'khoti. Fizi yake ndiye eish, ambiri amatuluka ndi ngongole yoopsa. Josh Shapiro, yemwe anadzakhala Attorney General wa Pennsylvania, ankaphunzira madzulo ku yunivesite ya Georgetown masana akugwira ntchito m'maofesi a andale ku Washington, ndipo anamaliza mu 2002.

Tsono apa ndi pomwe ambiri amalakwitsa, akangotenga pepala amafuna mpando waukulu pompopompo. Yambirani pansi. Shapiro mu 2004 anaimira uphungu wa nyumba ya malamulo ya state, osati Congress ya dziko lonse ayi, dera laling'ono ku Montgomery County komwe chipani cha Republican chinali ndi mphamvu, ndiye ankayenda khomo ndi khomo kugogoda, kudzitchula dzina, kusiya kapepala, kwinako kumutsekera chitseko. Anapambana. Anakhalako mpaka 2012, kenako nkukhala commissioner wa county yomweyo, ntchito ya bajeti, misewu ndi milatho, zinthu zosasangalatsa pa TV koma ndi zomwe zimakupezera anthu okuthandiza ndi ndalama za kampeni. Mu 2016 ndi pomwe anaimira u Attorney General nkuwina.

Njira ina ndi ya uloya wa boma, ngati Kamala Harris yemwe anali District Attorney (mkulu wozenga milandu m'dzina la boma) wa San Francisco kuyambira 2004 asanatenge mpando wa Attorney General wa California mu 2011. Kwa ine iyi ndiye yolongosoka kwambiri chifukwa umafika ukudziwa kale fungo la khoti.

Mukalowa mu ofesi sankhani milandu yoti anthu wamba aimve, monga makampani obera ogula kapena ogulitsa mankhwala osokoneza bongo. Mu 2018 ofesi ya Shapiro inatulutsa lipoti la grand jury (gulu la anthu wamba lounika umboni) lonena za ansembe a Katolika oposa 300 omwe anachitira nkhanza zogonana ana oposa 1,000, ndipo dzina lake linamveka dziko lonse.

Teremu m'ma state ambiri ndi zaka 4, ku Vermont ndi 2 basi, ndiye konzekeranitu komwe mukulowera. Shapiro anawinanso mu 2020 nkuwina chisankho cha u governor mu 2022. Bill Clinton sanachedwe nkomwe, Attorney General wa Arkansas mu 1977, pofika 1979 anali governor ali ndi zaka 32.