Mapepala a penshoni ayambeni kutolera kholo lisanakwane zaka 60

Ngati bambo kapena mayi anu amagwira ntchito m'boma ndipo zaka 60 zayandikira, musadikire kalata yowauza kuti apume. Yambani kutolera mapepala kudakali zaka ziwiri. Ine ndinali kalaliki wosunga mafayilo mpaka tsiku limene ndinapuma, ndipo masiku ano aphunzitsi, anamwino ndi alonda a kuno ku Chinamwali amandipeza pakhonde atanyamula maenvulopu otuwa. Ambiri amafika malipiro atasiya kale kulowa.

Mumvetse kaye chimene chikutalikitsa mzere. Kalembera wa 2018, amene anachita a National Statistical Office omwe likulu lawo lili konkuno ku Zomba, anapeza kuti tilipo 17.5 miliyoni, ndipo a zaka 60 kupita m'mwamba ndi pafupifupi 5 mwa anthu 100 alionse. Sitinafike pa Japan, kumene a zaka 65 kupita m'mwamba amaposa munthu mmodzi mwa anayi. Komabe okalamba athu akuchuluka. Cha m'ma 2000, mwana wobadwa m'dziko muno ankayembekezeka kukhala ndi moyo zaka zosafika 50; pano zadutsa 60, ndipo ma ARV aulere amene anayamba mu 2004 athandizapo kwambiri. Tikuthokoza Mulungu, koma zikutanthauzanso kuti wopuma aliyense akulandira penshoni kwa zaka zochuluka.

Nanga ndalamazo zimachokera kuti? Mu 2017 boma linayambitsa thumba la penshoni losonkherana, koma linalowetsamo okhawo amene anali ndi zaka 35 kutsika m'munsi. Akuluakulu mwa iwo adzakwana 60 mu 2042. Kufikira nthawiyo, opuma ambiri akudya mbale imodzi ndi mankhwala a m'zipatala komanso malipiro a omwe adakali pa ntchito, ndipo mbaleyo ndi misonkho ya chaka chomwecho. Pamzere wotere, fayilo yokhala ndi kavuto kakang'ono imaikidwa pambali, ya mnzanu n'kudutsa.

Ndiye khalani pansi ndi kholo lanu mufufuze izi: kalata yoyamba yowalemba ntchito, kalata yowakhazikitsa pa ntchitoyo, makalata onse owakweza, ma payslip aposachedwa, chiphaso cha unzika, ndi nambala ya akaunti ya ku banki imene ikugwira ntchito. Chilichonse mujambulitse makope atatu. Zenizenizo zisatuluke m'nyumba pokhapokha atazipempha kuti azione, ndipo akaona mubwerere nazo.

Pamene mafayilo ambiri amafera ndi pa tsiku lobadwa. Makolo athu ambiri analowa ntchito ndi chaka chongoganizira, chimene anawalembera aphunzitsi polowa Sitandade 1. Pa kalembera wa ziphaso wa 2017 ena anatchula chaka china, kaya poiwala kaya pofuna kudzichepetsa zaka. Lero fayilo ikunena 1966, chiphaso chikunena 1969, ndipo wowerengera ndalama sangasainire. Maina nawonso: kuntchito analembetsa dzina la bambo awo, pa chiphaso pali la mfunda, ku banki pali la kwa amuna awo. Ikani mapepala atatuwo pamodzi muwerenge chilembo ndi chilembo. Mukapeza kusiyana, pitani nawo kwa oyang'anira antchito ku ofesi yawo komanso ku NRB, ofesi yopereka ziphaso za unzika, adakali pa ntchito, pamene ali ndi ndalama ya minibasi ndipo mabwana akuwadziwa nkhope. Amene anasamutsidwapo, mwachitsanzo kuchoka ku Nsanje kubwera ku Domasi, afunse ngati fayilo inawatsata yonse. Makalata owakweza nthawi zina amatsalira kumene anachoka, ndipo penshoni imawerengedwa potengera giredi ndi zaka zimene zikuoneka pa pepala.

Fayilo ikachoka ku ofesi yawo imadutsa m'manja ambiri ku Lilongwe: owerengera, oona ngati mawerengedwe ali bwino, kenako olipira. Gulani kope laling'ono. Nthawi iliyonse mukapereka pepala, lembani tsiku, ofesi, ndi nambala ya kalata yoperekeza fayiloyo. Kufunsa kuti "za bambo anga zili pati?" sikupindula, kutchula nambala kumapangitsa munthu kudzuka pampando. Wina akati mum'patse kangachepe kuti fayilo iyende, musapereke. Zikakhalitsa popanda yankho lomveka, ofesi ya Ombudsman imalandira madandaulo otere mwaulere.

Gratuity, ndalama imene wopuma amalandira nthawi imodzi, ikatuluka, achibale amatulukanso. Ine ndimauza anzanga kuti ayambe ndi denga ndi munda, asagule minibasi imene sadzaiyendetsa okha. Mukumbukire kuti mu November 2023 kwacha inagwa ndi 44 peresenti tsiku limodzi. Penshoni ya pamwezi sithamanga ngati mitengo ya mumsika wa Zomba.

Amene ali m'makampani, lamulo la penshoni limati bwana aziika 10 peresenti ya malipiro, wantchito 5. Pemphani sitetimenti chaka chilichonse ku kampani yosunga penshoniyo, chifukwa alipo mabwana amene amadula koma osatumiza. Oyang'anira za penshoni ku Reserve Bank amamva nkhani zimenezi. Musaiwalenso fomu yotchula odzalandira ndalamazo mwini wake akamwalira.

Tsono okalamba ochuluka sanalembedwepo ntchito: alimi a ku Chingale, asodzi a ku Chilwa, amayi ogulitsa masamba ku Songani. Anthu amaganiza kuti Mtukula Pakhomo ndi penshoni ya nkhalamba. Ayi. Pologalamuyi inayambira ku Mchinji mu 2006, ndipo imafikira mabanja pafupifupi 10 mwa 100, ovutikitsitsa komanso opanda munthu wamphamvu wogwira ntchito. Agogo olera zidzukulu okha amagweramo, koma malo ndi ochepa kuposa oyenera. Chimene mungachite n'kuonetsetsa kuti ali ndi chiphaso, kuti alipo pakhomo tsiku la kalembera wa mabanja, ndi kuti onse amene amadya pakhomopo alembedwa, ngakhale kamdzukulu kongobwera kumene. Akawadumpha, yambani kwa a mfumu ndi komiti ya m'mudzi, kenako ku ofesi yoona za chisamaliro cha anthu kwa DC. Kumene amalandirira pa foni, nambala yachinsinsi isungidwe ndi agogo ndi munthu mmodzi yekha amene iwo asankha.

Za matenda mukambirane pabanja asanagone. BP ndi shuga zimafuna ulendo wa kuchipatala pafupipafupi, ndipo akagonekedwa ku Zomba Central pamafunika gadiyani usana ndi usiku. Kawirikawiri amasiya ntchito kapena geni yake ndi mwana wamkazi, pakhomo n'kuchepa wopezera ndalama pomwe ndalamazo zikufunika kwambiri. Gawanani masiku polemba. Amene ali ku Johannesburg kapena ku Lilongwe ndipo sangabwere, atchule ndalama imene azitumiza mwezi uliwonse, ndipo gawo lina lipite kwa mlongo wawo amene watseka okala yake kuti akhale kuwodi.